Wakutsina khutu ndi mnansi: phunziro la a Pieter-Dirk Uys

Awerengi athu, pali njira zambiri zoyezera ufulu wa dziko. Ena amawerenga zipani zimene zalembetsa, ena amawerenga manyuzipepala amene anyamata akugulitsa m'mphepete mwa msewu, ndipo alendo akunja amabwera ndi makope awo kudzaona ngati mavoti awerengedwa bwino. Zonsezi n'zofunika. Koma ine ndili ndi muyeso wina wosalira sukulu. Kodi munthu angathe kuimirira pagulu, n'kutsanzira mayendedwe ndi malankhulidwe a mtsogoleri wa dziko, anthu n'kufa nalo phwete, kenaka iye n'kupita kukagona kunyumba kwake osaopa kugogoda kwa pakati pa usiku? Funso limenelo ndi la boma. Palinso lina, la wanthabwala mwiniwake: anthu amene iye ankawalakalaka akalowa m'boma, kodi apitiriza kuwatsina khutu, kapena ayamba kuwaombera m'manja?

Sabata ino ndafuna kuti tiyankhe mafunso awiriwa poona ntchito ya munthu mmodzi wa ku South Africa, a Pieter-Dirk Uys. Ena mwa inu amene mudakhala kunja pa nthawi ya chipani chimodzi, ku Lusaka, ku Harare kaya ku London, dzinali mudalimvapo. Amene simudalimvepo, dziwani kuti bambo ameneyu adatchuka chifukwa chotsanzira atsogoleri a boma la tsankho pa nthawi imene bomalo linali pa chimake cha nkhanza zake. Chimene chandichititsa kulemba za iwo, komabe, ndi zimene adachita tsankho litatha.

A Uys adabadwira ku Cape Town pa 28 Sepitembala 1945. Bambo awo, a Hannes Uys, adali Mbunu wa mpingo, woimba limba m'tchalitchi, ndiponso wachibale wa a D.F. Malan, nduna yaikulu imene idayambitsa ulamuliro wa apartheid mu 1948. Mayi awo, a Helga Bassel, adali katswiri wa piyano wochokera ku Berlin, Myuda amene adachoka ku Germany pa nthawi ya Hitler. Tsono mwanayu adakulira m'kati mwenimweni mwa mtundu wolamula, akudziwa mapemphero ake, mantha ake ndi nthabwala zake za kuseri. Adaphunzira za zisudzo pa yunivesite ya Cape Town, n'kupita ku London kukaphunzira za mafilimu, ndipo atabwerako adalowa m'gulu la Space Theatre ku Cape Town, nyumba ya zisudzo imene idatsegulidwa mu 1972 ndipo inkalola akuda ndi azungu kusewera ndi kuonerera pamodzi.

Poyamba adali mlembi wa masewero wamba, a anthu angapo pa siteji. Boma silidachedwe kuwaona. Masewero awo ena a m'zaka za m'ma 1970, monga Selle Ou Storie ndi Karnaval, adaletsedwa ndi bungwe lounika mabuku ndi zisudzo, ndipo chodabwitsa n'chakuti bambo awo omwe adakhalapo m'bungwe limenelo. Sewero likaletsedwa ndiye kuti ndalama zonse zimene mwalowetsa zapita, ndipo osewera anu agona ndi njala. Apa mpamene a Uys adasintha njira. Adaganiza zoimirira okha pa siteji, ndi bokosi la zipewa, magalasi ndi mawigi, n'kumasanduka nduna imodzi pambuyo pa inzake anthu akuona. Mawu sadavutike kuwapeka, ankangotola zimene ndunazo zayankhula pa wailesi ndi m'Nyumba ya Malamulo. Iwo eni akhala akunena kawirikawiri kuti boma ndilo linkawalembera masewero. Nanga woletsa mabuku angaletse bwanji mawu a nduna yake yomwe?

Sewero loyamba la mtundu umenewu lidatuluka mu 1981 ku Market Theatre ku Johannesburg, ndipo dzina lake lidali Adapt or Dye. Dzinali lili ndi mbiri. Mu 1979 a P.W. Botha, amene adakhala nduna yaikulu mu 1978, adauza azungu anzawo kuti ayenera kusintha, apo ayi afa. M'Chingerezi mawu otanthauza kufa ndi mawu otanthauza kunyika nsalu mu utoto amamveka chimodzimodzi. A Uys adangosinthako kalembedwe, chenjezo la a Botha n'kusanduka lakuti: sinthani, apo ayi dzipakeni utoto. M'dziko limene moyo wonse wa munthu unkayezedwa ndi khungu, aliyense adamva chimene chikunenedwa. Kusintha kumene a Botha ankalonjeza kudali kupaka utoto nyumba yogumuka.

A Botha ankatchedwa Ng'ona Yaikulu, ndipo anthu awo omwe ankawaopa. Akamayankhula ankaloza chala m'mwamba ngati mphunzitsi wokwiya, n'kumanyambita milomo. A Uys ankangovala chipewa ndi magalasi, n'kukweza chala chija, n'kutulutsa lilime pang'ono, holo yonse n'kugwa ndi chiseko asadatsegule pakamwa. Tiyeni tiganizire chifukwa chake zoterezi zimawawa kuposa ndemanga ngati ino. Wolamulira wankhanza amafuna anthu akhulupirire kuti palibe wina wonga iye, kuti mawu ake ndi mayendedwe ake n'zochokera kumwamba. Tsono akabwera munthu wamba n'kusanduka iyeyo m'mphindi imodzi, ndi chipewa cha pa kaunjika, anthu amaona kuti ulemerero wonse uja ndi zovala ndi machitidwe ophunzirika. Munthu amene wamuseka kamodzi sumuopanso monga kale. A Uys adachita chimodzimodzi ndi a Pik Botha, nduna ya zakunja, a Piet Koornhof, nduna yoona za anthu akuda imene inali ndi makutu akuluakulu, Mayi Margaret Thatcher a ku Britain, ngakhalenso Bishopu Desmond Tutu, amene iwo eni ankaseka nawo.

Koma chida chawo chachikulu chidali mayi wina amene kulibeko, Mayi Evita Bezuidenhout. Mayiyu adabadwira m'nyuzipepala. Mu 1978 ku South Africa kudaphulika nkhani ya katangale mu unduna wofalitsa nkhani, kumene ndalama za boma zidagwiritsidwa ntchito mobisa, zina kuyambitsira nyuzipepala ya The Citizen kuti izitamanda boma. Nkhaniyi idagwetsa a Connie Mulder ndipo idathera pa kutula pansi udindo kwa a John Vorster. Masiku amenewo a Uys ankalemba m'nyuzipepala ya Sunday Express, ndipo zimene mtolankhani sakadatha kulemba poyera ankaziika m'kamwa mwa mkazi wa phungu wa chipani cholamula, wokonda miseche ya m'maphwando a ku Pretoria. Pambuyo pake adamuveka thupi: wigi, ndolo, nsapato za gogoda ndi zovala zodula, iwo eni n'kukhala mayiyo pa siteji. Anthu adayamba kumutcha Tannie Evita, ndiye kuti azakhali a Evita, ndipo adadziwika kuti ndi mzimayi wachizungu wotchuka koposa m'dzikomo.

Nzeru yake idali yakuti Evita sankatsutsa boma. Ankaliikira kumbuyo ndi mtima wonse, mwaulemu ndi momwetulira, kufikira bodza lake litaonekera lokha. A Uys adamupatsa udindo wa kazembe wa South Africa m'kadziko kongopeka kotchedwa Bapetikosweti. Pa nthawiyo boma la tsankho lidali litadula timagawo ta nthaka youma n'kutitcha maiko odziimira paokha: Transkei mu 1976, Bophuthatswana mu 1977, Venda mu 1979 ndi Ciskei mu 1981. Timaiko timeneti tidali ndi mbendera, mapulezidenti ndi akazembe, koma kunja kwa South Africa palibe dziko lidativomereza. Cholinga chidali kulanda anthu akuda unzika wa dziko lawo. Bapetikosweti idaonetsa kuti ngati timaiko tinai tingapekedwe mu ofesi ku Pretoria, kachisanu kangathe kupekedwa pa siteji, osasiyana kanthu. Kuonjezera apo, mwana wamkazi wa Evita adabereka ana ndi mwana wa pulezidenti wakuda wa kadzikoko, mayi woteteza tsankho uja n'kukhala gogo wa zidzukulu zakuda, m'dziko limene lamulo la 1949 loletsa ukwati wa mitundu yosiyana lidachotsedwa mu 1985 mokha.

Ife Amalawi nthabwala ya kazembeyi siyenera kutiseketsa kwambiri, pakuti ikutikhudza. Mu 1967 boma la a Dr. Banda lidakhazikitsa ubale wa ukazembe ndi Pretoria, dziko lokhalo la anthu akuda mu Africa kuchita zimenezo pa nthawiyo. A Vorster adabwera kuno mu 1970, a Banda adapita kumeneko mu 1971, ndipo ngongole ya ku South Africa idathandiza kumanga likulu la Lilongwe. Pamene Evita ankasewera ukazembe wabodza kuti aonetse manyazi a tsankho, ife tidali ndi ukazembe weniweni ndi boma lomwelo, uku abambo athu akukumba golide m'migodi ya ku Joni kudzera ku Wenela ndi Theba. Inu amene mudali kunja mukudziwa mmene anzathu a ku Zambia ndi ku Tanzania ankatifunsira za nkhaniyi.

M'zaka za m'ma 1980 zinthu zidafika poipa ku South Africa. Pa 15 Ogasiti 1985 ku Durban, dziko lonse lapansi likudikira kuti a Botha alengeza kusintha kwakukulu, iwo adangokweza chala chija n'kukana. Mabanki akunja adayamba kukana kuwakongoza ndipo ndalama ya randi idagwa. Mu Juni 1986 boma lidaika dziko lonse pansi pa malamulo a pangozi, anthu zikwizikwi n'kutsekeredwa popanda mlandu, manyuzipepala n'kumangidwa pakamwa. A Uys sadathawe ndipo sadasiye. Masewero awo a zaka zimenezo, monga Total Onslaught ndi Beyond the Rubicon, adatenga maina awo kuchokera m'mawu a a Botha omwe. Zimene wailesi ndi kanema wa boma sizikadaulutsa, anthu ankakazimva m'nyumba ya zisudzo, kapena kuonera pa matepi a vidiyo m'makomo mwawo.

Apa ndiyenera kunena mbali inanso, pakuti alipo amene amaikweza ndipo sakulakwa. Amati a Uys adapulumuka chifukwa adali mzungu, Mbunu, mwana wa m'nyumba. Amati boma linkawasiya dala kuti lizionetsa alendo kuti ku South Africa kuli ufulu woyankhula. Amakumbutsanso kuti nduna zina, makamaka a Pik Botha, zidayamba kumukonda Evita n'kumanyadira kutchulidwa naye. Pamene izi zinkachitika, osewera akuda ankalipira mtengo wina. Mu 1976 a John Kani ndi a Winston Ntshona adatsekeredwa ku Transkei chifukwa cha sewero la Sizwe Banzi Is Dead, ndipo chaka chomwecho a Gibson Kente nawonso adamangidwa. Zonsezi n'zoona. Khungu lidawateteza a Uys, ndipo nthabwala zawo sizidagwetse tsankho. Lidagwetsedwa ndi ana a ku Soweto, mabungwe a apantchito, mipingo, omenyera ufulu ndi zilango za maiko akunja.

Koma tisathamangire kunena kuti ntchito yawo idali yachabe. Anthu amene ankadzaza maholo awo ambiri adali azungu, ndipo azunguwo ndi amene adali ndi voti ndi mfuti. Chimene chinkawamangirira ku chipani cha National Party chidali mantha: kuopa akuda, kuopa achikomyunizimu, kuopa m'busa wa mpingo, kuopa Ng'ona Yaikulu. Mtsogoleri wa ANC sakadatha kulowa m'chipinda chochezera cha banja la Chibunu, dzina lake lomwe lidali loletsedwa. Evita ankalowamo, m'chiyankhulo chawo, ngati azakhali awo enieni. Pa 17 Malichi 1992, pa riferendamu ya azungu okhaokha, oposa 68 pa 100 alionse adavomereza kuti a F.W. de Klerk apitirize zokambirana zothetsa tsankho. Sindikunena kuti wanthabwala ndiye adapambanitsa voti imeneyo. Ndikunena kuti munthu asadavote motsutsana ndi zimene adakulira, amayamba kaye wazikayikira, ndipo chiseko ndi khomo limodzi lolowera chikayiko.

Tsopano tifike pa funso lachiwiri lija. Pa 27 Epulo 1994 South Africa idachita chisankho chake choyamba cha anthu onse, masabata atatu ife tisadachite chathu cha pa 17 Meyi. Chaka chomwecho Pulezidenti Nelson Mandela adavomera kufunsidwa mafunso ndi Evita pa pulogalamu ya Funigalore pa kanema wa M-Net. Taganizani bwino: munthu amene adakhala m'ndende zaka 27, mtsogoleri wolemekezedwa pa dziko lonse, kukhala pansi ndi bambo wovala diresi n'kumamuyankha ngati mayi wolemekezeka. A Uys amasimba kuti a Mandela adawauza chifukwa chake, kuti adali ndi uthenga wofunika ndipo ankadziwa kuti anthu amaonera Evita kuposa nkhani. A Mandela adadziwa kuti kusekedwa sikuchotsa munthu pa mpando, ndipo ulemu wawo sudachepe ndi tsiku limenelo.

Apa mpamene padali msampha. Adani a a Uys adali atagwa, anthu amene ankawafunira zabwino adali m'boma, Pulezidenti adali bwenzi lawo. Njira yofewa idali yotseguka: kupitiriza kutsanzira a Botha, amene tsopano adali nkhalamba yopanda mano ku Wilderness, n'kumalandira mayitanidwe a ku maphwando a boma. Kuseka ng'ona yakufa aliyense angathe. A Uys sadatsate njira imeneyo. Pasadathe zaka ziwiri adatulutsa sewero lotchedwa You ANC Nothing Yet, loseka olamula atsopano. Mu 1996 adatenga siteshoni yakale ya sitima m'katauni ka Darling, kumpoto kwa Cape Town, n'kuisandutsa nyumba yawoyawo ya zisudzo, Evita se Perron, kumene wolipira adali woonerera pakhomo. Pa chisankho cha 1999 adayenda ndi Evita m'matauni ambiri kuphunzitsa anthu za kuvota, osawauza chipani choti avotere.

Mayeso aakulu adabwera ndi Edzi. A Thabo Mbeki, amene adalowa m'malo mwa a Mandela mu 1999, adayamba kukayikira poyera ngati kachilombo ka HIV ndiko kamayambitsa Edzi, ndipo boma lawo lidazengereza kupereka mankhwala otalikitsa moyo m'zipatala zake. Nduna ya zaumoyo, Mayi Manto Tshabalala-Msimang, idatchuka ndi kulimbikitsa adyo, mandimu ndi beetroot. Bungwe la Treatment Action Campaign lidachita kutengera boma ku khoti, ndipo mu Julayi 2002 khoti lalikulu loona za malamulo oyendetsera dziko lidalamula kuti mankhwala a nevirapine aperekedwe kwa amayi oyembekezera. Ofufuza a ku yunivesite ya Harvard adawerengera mu 2008 kuti kuzengereza kumeneku kudatayitsa miyoyo yoposa 330,000 pakati pa 2000 ndi 2005. Anthu amenewa sadaphedwe ndi Mabunu. Adafa pansi pa boma limene iwo eni adalivotera ndi chimwemwe.

Ambiri amene adalimbana ndi tsankho adakhala chete masiku amenewo, ena poopa kutaya ntchito, ena poopa kuoneka ngati akuthandiza adani a chipani. Kwa mzungu wa Chibunu kudali kovuta kwambiri, pakuti aliyense akadatha kumuloza chala kuti akulira ulamuliro wakale. A Uys adayankhula. Mu 2001 adatulutsa sewero la Foreign Aids, ndipo a Mbeki ndi nduna yawo ija adalowa m'bokosi lomwe lija la zipewa ndi magalasi mmene mudali a Botha. Sadalekere pa siteji ya olipira. Kuyambira cha m'ma 2000 adayenda m'masukulu, a m'tauni ndi a m'makomboni, osalipiritsa, ndi chisudzo chophunzitsa za Edzi, akutchula zinthu ndi maina ake ndiponso kuonetsa kavalidwe ka kondomu. Ana asukulu oposa miliyoni imodzi adawamva. Njira idali yomwe ija ya m'masiku a tsankho: yamba wamuseketsa munthu pa chinthu chimene akuchiopa, akatero atha kuchiyang'ana n'kumva zoona zake. A Jacob Zuma atalowa mu 2009, nawonso sadasiyidwe.

Apa ndiye pagona ulemu wa munthu ameneyu. Akadasiya mu 1994, bwenzi lero tikuti adali wanthabwala wa otsutsa boma, amene ntchito yake idatha anzake atapambana. Popeza adapitiriza, tikudziwa kuti mdani wake adali bodza la wolamula, kaya wolamulayo ndi woyera kaya ndi wakuda.

Nanga kwathu kuno? Tisanamizane kuti kuseka akuluakulu ndi khalidwe lachilendo. Amayi pamtondo akhala akudzudzula amuna awo ndi apongozi awo m'nyimbo kuyambira kalekale, mudzi wonse ukumva, popanda wowatengera ku bwalo. Pa chisuweni munthu amanena mawu amene kwa wina akadakhala mlandu. M'gule wamkulu muli zilombo ngati Simoni, wa nkhope yofiira, wotsanzira mzungu. Makolo athu adasiya dala mpata woti wamng'ono anene zoona kwa wamkulu kudzera m'chiseko, ndipo adatisiyira mwambi wakuti wakutsina khutu ndi mnansi. Mpata umenewu udatsekedwa ndi ulamuliro wa chipani chimodzi. Lamulo lounika mabuku, mafilimu ndi zisudzo lidabwera mu 1968, nyimbo za amayi zidasanduka zotamanda munthu mmodzi, ndipo a Jack Mapanje adakhala ku Mikuyu kuyambira 1987 kufikira 1991 popanda kuzengedwa mlandu.

Taganizani chuma chimene wanthabwala akadapeza mwa a Ngwazi: chipewa chija, magalasi akuda, suti ya zidutswa zitatu pa dzuwa la mu Okutobala, litchowa m'manja, ndi kuyankhula Chingerezi kwa anthu a kumudzi kudzera mwa womasulira. Zaka 30 zonse palibe adayerekeza kukhudza chimodzi mwa izi pagulu. A Botha ankangotchedwa ng'ona, koma kuno otsutsa ankauzidwa poyera kuti adzakhala nyama ya ng'ona. Amene ankatsanzira mawu aja ankatero atatseka zitseko, kapena ali kutsidya la malire, ndipo ngakhale kumeneko ankayamba ayang'ana uku ndi uku. N'zomvetsa chisoni kuvomereza kuti pa nkhani imodzi iyi, mzungu wa ku Cape Town adali ndi mpata pansi pa tsankho woposa umene Mmalawi adali nawo m'dziko lake lodzilamulira.

Riferendamu ya pa 14 Juni 1993 idatsegula pakamwa pathu, ndipo tidaona zisudzo zikuyankhula momasuka, Kwathu Drama Group, Wakhumbata, ndi malemu a John Nyanga ndi a Eric Mabedi, Izeki ndi Jakobo. Koma mzimu wakale sudafe. Mu Disembala 2011 apolisi adagwira a Thlupego Chisiza ku Blantyre sewero lawo la Semo lili m'kati, pogwiritsa ntchito lamulo lomwe lija la 1968. Mu 2012 a Daliso Chaponda adaopsezedwa ndi bungwe lounika zisudzo chifukwa cha nthabwala zokhudza boma. Lamulo la 2016 loona za mauthenga a pa intaneti lagwiritsidwapo ntchito kumanga anthu wamba chifukwa cha zimene alemba za atsogoleri pa WhatsApp ndi pa Facebook. Pali zoyamika: mu 2022 Nyumba ya Malamulo idachotsa milandu ya kuyankhula zoukira boma, ndipo mu Julayi 2025 khoti lidagamula kuti gawo 200 la malamulo a milandu, limene linkamangitsa munthu chifukwa choipitsa mbiri ya mnzake, likutsutsana ndi malamulo oyendetsera dziko. Koma onani kuti maboma a zipani zosiyanasiyana, onse olowa ndi malonjezo a ufulu, aliyense wapezapo kanjira kake komangira womuseka.

Ngozi yachiwiri ndi yachete, ndipo ine ndimaiopa kuposa unyolo. Ndiyo kugulidwa. Nyengo ya kampeni ikafika timaona anthu aluso atavala nsalu ya chipani, akutenthetsa bwalo bwana asadafike, akutsanzira mtsogoleri wa chipani china basi. Nthabwala zotere zingaseketse, koma ndi nyimbo zotamanda zomwe zija, zangosintha kavalidwe. Si kuno kokha. Ku Kenya gulu la Redykyulass lidalimba mtima kutsanzira a Daniel arap Moi iwo adakali pa mpando, koma pambuyo pake ena a m'gululi adalowa ndale, ndipo a John Kiarie adakhala phungu mu 2017. Kwathu kuno malemu a Du Chisiza Jr, amene masewero awo ankaluma, adalandira unduna m'boma la MCP mu 1993. Sindikuwaweruza anthu amenewa, aliyense ali ndi ufulu wolowa ndale. Ndikungoti munthu sangatsine khutu limene likumudyetsa, ndipo dziko likapeza nduna imodzi mwa njira imeneyi limakhala litataya mlonda.

Tisaiwale kuti chimene chimagulitsa aluso athu ndi njala. A Uys adatha kunena zimene akufuna chifukwa chakudya chawo chinkachokera kwa oonerera. Ife timakonda kuseka koma sitikonda kulipira. Timafuna kulowa ulere pakhomo, timakopera ntchito ya munthu pa foni n'kugawira mudzi wonse, kenaka timadabwa tikamuona pa nsanja ya chipani. Wanthabwala amene anthu ake samudyetsa adzadyetsedwa ndi wandale, ndipo adzayankhula za amene wamudyetsayo.

Tsono pempho langa lili patatu. Kwa atsogoleri athu, a boma ndi otsutsa omwe: mukamva kuti mnyamata wina akukutsanzirani, musatumize apolisi, ndipo musatumizenso envelopu. Pitani mukakhale kumbuyo kwa holo mumve pamene anthu akuseka kwambiri, pakuti pamenepo mpamene pali chilonda chimene alangizi anu akukubisirani. Akuluakulu adati wamisala adaona nkhondo.

Kwa anzathu a zisudzo ndi nthabwala: yang'anani kumene mukuloza chala. Kutsanzira Chichewa cha Mtumbuka, cha Myao kapena cha Msena, kuseka wolumala kapena mayi wa kumudzi, n'kosavuta ndipo sikufuna kulimba mtima. A Uys ankaloza m'mwamba, kwa amene ali ndi apolisi ndi ndalama za msonkho. Ndipo chipani chimene mumachikonda chikapambana, dziwani kuti ntchito yanu yangoyamba kumene.

Kwa inu awerengi, makamaka amene mudalawa ukaidi kapena kukhala m'dziko la eni chifukwa cha mawu: ufulu umene mudauvutikira ukuphatikizapo ufulu woseka mtsogoleri amene inuyo mudamuvotera. N'kosavuta kuombera m'manja akamatsanzira wa chipani china. Tsiku limene adzatsanzire wanu, ndipo anyamata a chipani n'kuyamba kusonkhana pakhomo la holo, tidzafune kukuonani mutagula tikiti, mutakhala pa mpando wa kutsogolo.